Pepala la Bambo wa ku Area 25

Kawale, Lilongwe

Okondedwa Bambo aang'ono,

Ndikhulupirira muli bwino kumeneko ku Ekwendeni pamodzi ndi onse pakhomo. Kuno tikudzuka, kungoti amayi mwendo uja ukuwavutabe.

Mlandu wogawana nyumba ya malemu bambo auimitsanso mpaka Okutobala. Woweruza wabwerezanso kuti palibe wololedwa kugulitsa ngakhale chipinda chimodzi mlanduwu usanathe, kaya ine, kaya achimwene Collins, kaya wachibale aliyense. Ndiye ndinagula penti n'kulemba pampanda kuti, "Nyumba ino siyogulitsa." Anthu opita kumsika amaima n'kumawerenga. Zimandichititsa manyazi, koma nanga ndikanatani?

Loweruka kunafika bambo wina wa ku Area 25 tepi ili m'manja, n'kuyamba kuyeza pabwalo pomwe amayi amayanika ufa. Ndinamuonetsa chikalata cha kukhoti. Sanapse mtima ayi. Anangoti, "Mayi, inetu ndinamvana kale ndi akuluakulu a banja lino," n'kutulutsa pepala lake.

Ndinathamangira kuona ngati ndi Collins. Si iwo. Wasainapo ndi munthu mmodzi yekha, ndipo kalembedwe kake ndikukadziwa bwino. Ndi komwe kali patsamba loyamba la Baibulo lija munandipatsa tsiku lomwe ndinalowa mpingo.

Amayi sindinawauze. Tsiku ndi tsiku akumafunsa ngati mubwere kudzavundukula chiliza cha mkulu wanu mwezi wamawa. Akuti mudzagona m'chipinda cha malemu, ndipo mabulangete achapa kale.

Ndiwayankhe kuti chiyani?

Ndine mwana wanu,
Lettie