Mphako m'Phapo la Achimwene

Lolemba, 3 Malichi

Magazi abweranso. Alamu andiimbira ndili pakati pa phunziro, akuti achimwene atsokomola m'mamawa, kansalu konse kofiira ngati penti wawo wolembera zikwangwani. Ndawasiyira ana ntchito pabolodi, ine ulendo wa kuchipatala.

Tatha tsiku lonse pabenchi. Ajambulidwa ekisileyi. Akliniko, munthu waulemu ndithu koma wotopa, anakweza filimu pawindo. Kumtunda kwa phapo lakumanja kuli mphako yozungulira, yaikulu ngati dzira la nkhuku, khoma lake lopyapyala ngati lojambula ndi pensulo. "TB iyi, bambo. Yabwerera."

Ndinafunsa ngati ayeza makhololo. Akuti zotsatira Lachitatu. Nanga TB mwaionera pati? Anandiyang'ana mmene ndimayang'anira mwana wofunsa funso belu litalira kale.

Kachitatu aka. Koyamba, zaka zisanu ndi chimodzi zapitazo, inalidi TB. Anamwa mankhwala, anachira. Kachiwiri, chaka chatha, makhololo sanaonetse kanthu, koma akliniko omwewa anawayambitsabe mankhwala, ati "tiyese". Mwezi wachiwiri maso anasanduka achikasu, chiwindi chinatupa, tinagona nawo m'wodi masabata atatu, alamu akulira m'khonde. Zimenezo sindifuna kuzionanso.

Lachiwiri, 4 Malichi

Nthawi yopuma ndinakhala m'labu ndi mabuku. Ndilembe pano kuti mutu ukhazikike.

Mphako m'phapo si dzina la matenda. Ili ngati dzenje pamsewu: likhoza kukumbidwa ndi mvula, ndi lole, kapena ndi anthu oika mapaipi. TB imene ikudya phapo panopa imakumba mphako, inde. Koma TB imene inapola kale imasiyanso mphako, yosalala, yosatsekeka mpaka kalekale. Fodya amaphulitsa timatumba ta mpweya n'kukhala thumba limodzi lalikulu. Chibayo choopsa chimasiya chithuza cha mpweya, makamaka kwa ana. Ena amabadwa nayo. Ena ndi nyongolotsi zochokera kwa agalu. Khansa nayo ilipo, ngakhale kawirikawiri khoma lake limakhala lochindikala, lamabampu. Khoma lopyapyala limapatsa chiyembekezo, koma si chikalata choti munthu akagone.

Madzulo ndinapita kukawafotokozera. Ndinatenga siponji yotsukira mbale, ndinaboola ndi chala. Achimwene akuti, "Tsekani zitseko, aphunzitsi ayamba." Alamu anamvetsera mpaka kumapeto, kenako: "Alamu, ine ndangofunsa kuti kapu yawo ndiipatule kapena ayi."

Aipatula kale. Aidontheza penti wobiriwira pachogwirira. Ndinawauza kuti TB siyenda m'kapu, imayenda mumpweya. Akuti ndamva. Kapu ili payokha pawindo.

Lachitatu, 5 Malichi

Makhololo alibe kanthu. Makina a kuchipatala ayeza kawiri, palibe.

Ndinaganiza kuti nkhani yatha. Ayi. Akliniko atulutsa khadi la TB, alemba dzina, ati ayambe Lachiwiri likubwerali. Ndinadziuza kuti ndilankhule mofatsa, ndipo ndinayamba mofatsadi. Ndinatha ndikugogoda tebulo lawo ndi cholembera. Manyazi.

Iwo sanakwiye. Anati, "Mayi, munthu akulavula magazi, akuonda, mphako ndi iyo. Ndikamubweza opanda kanthu, n'kukhala kuti ndi TB, akapatsira nyumba yonse. Mukanakhala inu mukanatani?" Chondipweteka n'choti funsolo ndi labwino. Ndikanalipatsa mamalikisi onse.

Koma avomera kuti mawa tionane ndi dokotala wa chifuwa, amene amabwera kawiri pasabata.

Lachinayi, 6 Malichi

Dokotala wa chifuwa ndi mayi wamfupi, magalasi awiri, ena pamphuno ena pamutu. Achimwene awatcha kale a Magalasi. Sanakweze filimu pawindo. Anaiika pabokosi lowala, anatulutsa lula, anayeza khoma. Mamilimita atatu. Mtima wanga unati zii. Munthu woyeza ndi lula ndi m'bale wanga.

Mafunso awo: Mumasuta? Ayi. Agalu pakhomo? Ayi, akazi awo amadana nawo. Thukuta pogona? Ayi. Kutentha thupi? Ayi. Mumagwira ntchito pamalo otani? M'kashedi kachinyezi, kuseri kwa sitolo ya zitsulo.

Kenako analoza ndi kapu ya cholembera. Pansi pa mphakoyo pali kamthunzi, ngati mwala m'chitini. Akuti mwina ndi chuku. Chuku chomwechi cha pakhoma lonyowa chimalowa ndi mpweya, chikapeza mphako yakale chimamanga mpira mmenemo, mpirawo umakwecha khoma, magazi n'kutuluka. Mankhwala a TB sachigwira ngakhale pang'ono. Koma akuti "mwina". Sikani yaikulu ili kutali, mzere wake miyezi iwiri, ndipo kuti awadumphitse pamzere pafunika umboni.

"Filimu imene anajambula mutamaliza mankhwala oyamba ili kuti? Ngati mphakoyi inalipo kale, kukula komweku, ndiye kuti ndi chipsera, TB yatsopano ayi. Kuno sitisunga, timapatsa eni ake. Mubwere nayo Lachiwiri. Popanda iyo, akliniko sindingawatsutse."

Alamu anati ilipo, ili mu sutikesi. Achimwene anangoyang'ana nsapato zawo. Ndinaona, koma sindinalabadire.

Lachisanu, 7 Malichi

Envulopu ilipo. Yaikulu, yakhaki, dzina lawo pamwamba. M'kati mulibe kanthu.

Takhuthula sutikesi, tatembenuza matiresi, tafika mpaka pamwamba pa kabati. Tapeza khadi la sikelo la mwana wawo amene pano ali ndi ndevu. Filimu ayi. Mwini wake khale pampando, wailesi pakhutu, akuti, "Mwina makoswe." Makoswe otsegula sutikesi n'kutsekanso zipi!

Loweruka, 8 Malichi

Aulula.

Anaidula. Filimu ya mapapo awo anaidula ndi lezala, n'kupanga chodindira zilembo. Akuti pa ntchito yawo palibe chinthu choposa filimu ya ekisileyi: sinyowa, sing'ambika, imagona bwino pakhoma, penti akauma umangopukuta. Katoni imafewa ukadinda kawiri. Anafotokoza monyadira, ngati ine ndi siponji yanga. Ndinazindikira kuti matenda okonda kufotokozawa ndi a pamtundu.

"Chemwali, ndinali nditachira. Chithunzi cha matenda otha ndichisungirenji? Ndichipachike pabalaza?"

Alamu anangovula mpango, anaumanganso mothina.

Tinapita kushedi. Fungo la penti ndi chinyezi, khoma lakumbuyo lakuda bii ndi chuku. Ndinaliyang'ana nthawi yaitali. Pamsomali pali mulu wa mafilimu, oposa makumi anayi, chifukwa anthu a m'dera lonse amawapatsa awo. Ndinayamba kukweza imodziimodzi padzuwa. Bondo la munthu, lolembedwa TIMAWOTCHERERA. Chiuno cha mayi wina, SALUNI. Dzanja la mwana, nambala 7. Zifuwa zinalipo zisanu ndi zinayi, zina makona a dzina anadulidwa.

Ndiidziwa bwanji yawo? Ndinakumbuka kuti ali mnyamata anagwa pamakwerero, fupa la paphewa lakumanzere linathyoka n'kulumikizana mokhota. Ndinayang'ana mapewa onse asanu ndi anayi. Owongoka okhaokha.

Ndinafunsa kuti pa yawoyo anadulapo mawu otani. Akuti sakukumbuka. Alamu anati, "Kumbukirani, bambo, apo ayi Lachiwiri mukameza nokha mankhwala aja, ine m'wodi sindikagonanso." Anatero, koma misozi ili mbwe.

Lamulungu, 9 Malichi

Magazi pang'ono m'mawa. Sindinamve ulaliki. Ndimangoona zilembo.

Lolemba, 10 Malichi

Achimwene akumbukira ali m'bafa, anatuluka sopo ali m'khutu. Anabwereketsa chodindira china kwa mwini sitolo ya zitsulo, chaka chatha, anthu atamutopetsa ndi khoma lake lakumbali.

Ndinathawa phunziro lomaliza. Ahedi anandiona pageti, ndinangowagwedezera dzanja, zofotokoza mawa. Mwini sitolo anafufuza pansi pa kauntala, m'mabokosi a misomali, kenako anakumbukira kuti anatsekera pawindo losweka la chipinda chosungiramo katundu. Anaichotsa ndi pulayala.

OSAKODZA PANO.

Ndinaikweza padzuwa, pamsewu pomwepo, anthu akundiyang'ana. Fupa la paphewa lokhota, ilo! Pakona dzina lawo ndi deti, zopakika penti pang'ono koma zowerengeka. OSAKODZA wadutsa pamtima penipeni, PANO ali m'munsi. Kumtunda lezala sinafikeko, koma kwamatidwa penti wofiira. Achimwene akuti apukute ndi mafuta awo ochotsera penti. Ndinawalanda. Bwanji akafufuta ndi chithunzi chomwe? Tinakangana. Pomaliza anapukuta okha, ndi kathonje, pang'onopang'ono, kumbali imodzi yokha, lilime lili panja ngati mwana wa sitandade wani. Dzanja lawo pa zimenezi ndi labwino, ndivomere.

Ndikuona ngati pali kanthu kozungulira. Kapena ndikuona zimene ndikufuna kuona. Sindine dokotala. Ndaiika pakati pa makatoni awiri, ili m'chikwama changa, sindikupatsa munthu.

Lachiwiri, 11 Malichi

Tinafika mabenchi asanadzaze. Akliniko anationa, khadi lili kale patebulo. Ndinawapempha kuti alowe nafe kwa a Magalasi. Anabwera.

A Magalasi anatsegula makatoni, anaika filimu pabokosi, anayatsa. Kuwala kunatulukira m'zilembo, chipinda chonse chikuwerenga. Namwino anathawira panja atagwira pakamwa. A Magalasi anatsitsa magalasi a pamutu, anavala pamwamba pa enawo, anati, "Uthengawu taumva, bambo." Achimwene: "Sunali wa inu, adokotala."

Kenako lula. Filimu yakale kumanzere, yatsopano kumanja. Mphako yomweyo, malo omwewo, kukula komweko, khoma lopyapyala chimodzimodzi. Kusiyana kumodzi: yakale ndi yopanda kanthu m'kati, yatsopano ili ndi kamthunzi kaja.

Anawatumiza kukajambulidwanso, ulendo uno atagona chammbali. Tinadikira ola. Itabwera, kamthunzi kasuntha, kagubudukira kumbali imene anagonera. Akuti chotupa chomera pakhoma sichingasunthe choncho, ichi ndi chinthu chongokhala m'kati. Akliniko anayandikira mpaka mphuno kukhudza bokosi. Anati, "Chaka chatha chija ndikanawagoneka chammbali chonchi." A Magalasi anati, "Lero mwawagoneka." Akliniko anatenga khadi lawo la TB, analipinda, analiika m'thumba la gauni.

Si kuti zatha. Atenga magazi oyeza chuku, makhololo ena apita kukasungidwa m'labu kwa masabata angapo kuti aone ngati mumera tizilombo ta TB, kalata ya sikani yalembedwa "mwachangu". Mwina mankhwala a chuku, ndipo chiwindi azichiyang'anira. Mwina opaleshoni, magazi akachuluka. Akalavula odzaza kapu tithamange nawo osadikira. Kushedi kuja asalowenso mpaka khoma litakonzedwa. Ndinayamba kuwafotokozera alamu m'khonde mmene chuku chimaberekerana. Anati, "Alamu, mawa."

Potuluka anatipatsa mafilimu onse atatu mu envulopu imodzi. Ndinaona achimwene akuisisita ndi chala, kuyesa kulimba kwake. Ndinati, "Achimwene!" Akuti amangoona.

Kunyumba alamu anatenga kapu ija pawindo, anaitsuka, anaiponya m'beseni limodzi ndi zinzake. Achimwene anakhala pakhonde, envulopu pamaondo. Anaitanitsa kabulashi kawo kakang'ono ndi chitini cha penti wofiira. Ndinaima kumbuyo kwawo, wokonzeka kulanda. Analemba ndi dzanja, popanda chodindira, zilembo zowongoka bwino kuchokera kona mpaka kona: OSADULA.

Akuti ndisaigwire, sinaume.