Ndagwetsa Eni Mbumba M'matope

Loweruka, mwezi wa Juni. Chiperoni tsiku lonse, ndipo ine ndanyansidwa.

Mzungu wa ku Holande uja, woyang'anira munda wa tiyi, akuti kwawo ankasewera mpira kumbuyo, wotchinga adani. Bondo lake linafa, ndiye amatiphunzitsa ife ali khale pampando, onyamula machila akumudikira. Ine anandiika pamalo pakepo. Mawu ake ndi amodzi: "Munthu akabwera, usayang'ane nkhope, gwetsa!"

Lero tinasewera ndi a ku Chinakanaka. Amene anabwera ndi mpira ndi amalume ake a mkazi wanga, eni mbumba, omwe anandipatsa munda ndi malo a nyumba. Ndinawazindikira bwinobwino, koma mwendo unangopita wokha. Anagwa chafufumimba m'matope, nsalu n'kumasuka pamaso pa azimayi.

Mzungu anawomba m'manja: "Ndi momwemo!" Zonyansa. Iyeyo ndi mkamwini wa yani kuno?

Amalumewo anangodzuka, n'kumanga nsalu yawo, n'kumapita. Pofika kunyumba ndapeza khasu langa ndi mphasa zili panja. Nditafunsa, mkazi wanga wangoti, "Kafunseni mzungu wanuyo ngati ku Holande akakupatseni munda."

Lolemba akuti tikaphunzirenso kugwetsa. Ndi mwendo womwewu...