Chilonda cha Bantomu

Lachinayi, mwezi wa Meyi. Tsiku la lero landilemera.

Bantomu, ng'ombe yathu yokoka ngolo, ili ndi chilonda pakhosi pomwe pamakhala goli. Inzake ili bwino, koma singakoke yokha. Alangizi a ziweto anabwera m'mawa, anatsuka chilondacho n'kupaka mankhwala. Anati, "Mayi, ipume masabata awiri. Ikachira muzikulunga nsanza pagoli, izimwa madzi okwanira, ndipo osaimenya. Ntchito izigwira, koma isamazunzike."

Tadala, mwana wanga amene ali patchuthi kuchokera ku koleji ku Lilongwe, sanagwirizane nazo. Alangizi atachoka anati, "Amayi, kuisamalira kuti izikukokerani bwino si kuikonda ayi. Ili ndi moyo wakewake, sinabadwire ngolo yathu. Ingoimasulani."

Ndinamufunsa kuti chimanga chifika bwanji pakhomo. Anangonyamuka n'kuchokapo.

Sindinamukalipire, chifukwa nanenso ndinaona mmene Bantomu inkanjenjemerera alangizi akuitsuka. Yatikokera zaka zonsezi chimwalirireni bambo a Tadala. Koma chimanga chidakali pamikukwe kumunda wathu wakutali, chiswe chayamba kudya, ndipo msana wanga sungalolenso kusenza dengu.

Zimene akufuna Tadala sindingazikwanitse. Ngakhale masabata awiri a alangiziwo ndilibe. Madzulo ano ndang'amba chitenje chakale n'kukulunga goli, Tadala atakhala payekha pakhonde. Mawa ndiimanga pangolo. Ndikweza matumba ochepa, tiyenda pang'onopang'ono, koma ikakaima panjira n'kukana kuyenda, chikwapu chili m'manja mwanga, sindikudziwa ngati...