Tsiku Lomwe Amalume Sanafulashe

Amayi,

Kumeneko mwadzuka bwanji, ngati kumadzukidwa? Ife kuno ku Leicester tadzuka, poti alamu sadziwa kuti munthu ali ndi chisoni.

Ndiyambe ndi chilengezo chofunika, ndipo ndikupempha kuti onse amene mwakhala nawo pafupi avule zipewa. Munda wanga wa kuseri kwa nyumba, uja waukulu ngati mphasa ziwiri, ndakolola. Dzungu limodzi. Kukula kwake ngati chibakera cha mwana wa sitandade wani. Mbewu zake ndi zija ndinatapa m'chitini chanu ku Dedza titachoka ku manda. Maungu enawo anadyedwa akadali maluwa ndi nkhono za kuno, zopanda ndi chigoba chomwe, zoyenda maliseche ngati zilibe makolo. Munkati kuona maso a nkhono n'kudekha. Ndadekha nyengo yonse, Amayi, maso ndawaona, koma nkhwani sindinalawe.

Mpongozi wanu akupereka moni. Anachira mu Malichi, mwana wamkazi, ndipo tinamutcha Elube, dzina lanu. Anesi a kuno amalitchula ngati dzina la mankhwala a chifuwa. Watengera mphumi yanu, ndi kayang'anidwe kanu kaja koti munthu uyambe kuulula zomwe sunafunsidwe. Wandiyang'ana choncho m'mawa uno ndikumusintha thewera, ndipo zonse zomwe muwerenge m'munsimu zayambira pamenepo.

Digiri yanga ya mbiri yakale, ija munaivinira ku Zomba mpaka duku kugwa, kuno ntchito yake ndi kusanja mafayilo mu ofesi. Koma musadandaule kuti inapita pachabe. Zaka zitatu izi chichokereni inu, ndakhala ndikuchita kafukufuku wanga wapadera, wa matimu amene anthu anawakumbira kale manda, iwo n'kudzuka.

Ndikufotokozereni, ngakhale mpira munkautcha kuti amuna andevu kulimbirana chikumba chimodzi. Ku Amereka ligi ikatha, matimu apamwamba amalowa ndime yachipulula, koma sakumana kamodzi ayi. Matimu awiri amatha kumenyana mpaka kasanu ndi kawiri, ndipo yoyamba kupambana kanayi ndiyo yadutsa. Ndiye zimachitika kuti timu yagonja koyamba, kachiwiri, kachitatu. Kwatsala kamodzi kuti anyamule zikwama. Ochemerera ayamba kale kugawana zovala za malemu. Kenaka timu ija ipambana kamodzi, anthu n'kumati ndi kuphupha kwa nkhuku yodulidwa khosi. Ipambana kawiri, katatu, kanayi. Zinachitikapo, Amayi, si nthano. Pa masewero omenya kampira ndi chibonga zinachitika kamodzi. Pa aja othamanga pa madzi oundana atanyamula ndodo zinachitika kangapo. Pa mpira woponya mu dengu, mpaka pomwe ndinalekera kuwerenga, palibe. Mukaphatikiza onse a m'maligi akuluakulu a kumeneko, zala za dzanja limodzi zikwana.

Ochepawo ndiwo ali ndi mafilimu, nyimbo zachisoni zikulira kumbuyo, nkhalamba zikupukuta misozi n'kumati sitinataye mtima, tinkangoganiza za masewero amodzi okha. Ambirimbiri aja, amenenso sanataye mtima, koma anagonja kachinayi n'kukasamba mwakachetechete, palibe anawajambula. Wophunzira mbiri aliyense amaphunzitsidwa zimenezi chaka choyamba. Ine phunzirolo ndinakhoza bwino, komabe mafilimuwo ndawaonera onse, ena kakhumi.

Chomwe chinayambitsa matenda angawa simunachimve, chifukwa nthawi imeneyo munatanganidwa ndi kumwalira.

Mukukumbuka mmene amalume, alongo anu aja, amachitira ndi foni. Chiigulireni sanayimbirepo munthu. Amafulasha. Ilira kamodzi, yaduka, iwe uyimbe ndi mayunitsi ako. Pa ukwati wanga anafulasha. Ng'ombe itagwa m'chitsime anafulasha kawiri. Ndiye Lachinayi lija, ndili mu basi pa Spinney Hill, foni inalira kamodzi, ine n'kudikira kuti iduke. Inalira kachiwiri, kachitatu, kachinayi. Nditayankha anayamba ndi moni wautali, kufunsa za kuzizira, za mpongozi, za ntchito, osathamanga, mayunitsi awo akupsa. Pomaliza anati, "Mayi akowa m'thupi simuli bwino kwenikweni, koma tikuyang'anira."

Mmalawi aliyense, ngakhale wobadwa dzulo, amadziwa kuti malume wofulasha akayimba yekha, umalongedza chikwama foni ili kukhutu. Achemwali a Esnart, nesi wanu wonyadira naye uja amene alinso kuno, amalume anawayimbiranso tsiku lomwelo. Anasiya shifiti pakati, Lachisanu anali mu ndege. Ine ndinali ndi tikiti ina m'thumba.

Mnzanga wa ku ofesi anali atandipatsa tikiti ya mpira wa Loweruka. Katimu kakwawo, ka tauni ina ya kufupi kuno, kankalimbirana malo okwera ligi, ndipo pa masewero oyamba kanagonja zigoli zitatu kwa chilowere. Lowerukalo anali achibwereza. Ndinadziuza kuti amalume anangoti tikuyang'anira, sananene kuti bwera. Ndinadziuza kuti munadzukapo pa malungo aja, munadzukapo pa opaleshoni, ndinu munthu wobweza zigoli. Ndinabukitsa ndege ya Lolemba.

Ndipo katimuko kanabweza, Amayi. Ichi ndicho chimandipweteka. Chigoli choyamba chigawo choyamba chisanathe, chachiwiri cha mutu, chachitatu oyimbira atayang'ana kale wotchi. Pa mapenate ndinakumbatirana ndi mzungu wonenepa wosamudziwa, wonunkha anyezi ndi mowa, tonse tikulira. Mawu anandithera pakhosi. Lamulungu m'mawa, a Esnart atayimba kuti mwatisiya, ndinalibe ndi mawu olirira omwe, ndinali nditawamalizira pa amuna andevu. Ndinafika ku Dedza Lachiwiri, nthawi yabwino yonyamula bokosi. Katimu kaja kanakagonja ku fainolo. Mpaka lero kali mu ligi yomweyo.

A Esnart sanandidzudzulepo. Patapita chaka ndi pomwe anandiuza, tikutsuka mbale, kuti Loweruka lija munafunsa katatu ngati ndafika, iwo n'kumakuyankhani kuti ali m'njira. Akuti kachitatuko munangoti, "Njira zake zimakhala zazitali ameneyo."

Tsopano nkhani yomwe ndakhala ndikuizungulira ngati galu wofuna pogona. A Esnart akudwala. Ndi khansa ya m'matumbo, yafika ku chiwindi. Anaipeza chaka chatha. Mankhwala oyamba sanagwire. Achiwiri anagwira miyezi iwiri n'kusiya. Achitatu anangowathothola tsitsi. Mukuona nokha mmene mutu wanga unawerengera: zitatu kwa chilowere, kwatsala kubweza. Ndinkawapititsa ku chipatala n'kumawalalikira m'galimoto kuti tiganize za masewero amodzi okha, iwo n'kumakweza wailesi.

Masabata atatu apitawo dokotala anatiyitanira m'kachipinda ka mipando yofewa, patebulo pali bokosi la matishu. Kuno ukaona matishu patebulo, dziwa kuti malume wayimba. Inu munkati uthenga woipa uli ngati phala la mwana, umayamba wauzira. Madokotala a kuno sauzira. Anati mankhwala asiya, chatsala n'kuchepetsa ululu, ndipo tiziwerenga masabata, osati miyezi. Ine, mwana wanu wophunzira, ndinakonza pakhosi n'kufunsa ngati sipakhala ena amene amadabwitsa madokotala. Anati alipo, ochepa. Ndinati ochepawo ndi anthunso. A Esnart anandigwira bondo, akuseka mpaka kutsokomola. "Iwe Fatsani, ine ndine nesi, si timu. Zako za ku Amereka zija usazibweretse pano."

Potuluka, tisanalowe m'galimoto, anati, "Tadala umuuze ndiwe. Ndiwe malume wake. Ine ndikayamba ndingolira, mwana osamva kanthu."

Tadala wanu uja, amene munamulera kuyambira ali wa kumsana pomwe mayi ake anali ku sukulu ya unamwino, pano ndi mphunzitsi ku Lilongwe. Ana amamutcha madamu, mungakhulupirire? Kuno sanapondeko, chifukwa pomwe a Esnart ankasamuka n'kuti atapitirira msinkhu womwe amalola mwana kutsatira kholo. Kuti abwere afunika viza, ndipo viza akuti imatenga masabata atatu zinthu zikayenda bwino.

Ndiye tamverani zomwe malume wa masiku ano anachita. Ine ndi Tadala sitiyimbirana. Timatumizirana timauthenga ndi zithunzi zoseketsa. Ndinadziwa kuti ndikangoyimba, adziwa ndisanatsegule pakamwa. Choncho sindinayimbe. Ndinalemba: "Mayi ako afooka pang'ono, koma tikuyang'anira." Mawu a amalume enieni, kungochotsapo mayunitsi. Iye anafunsa, "Ankolo, ndiyambe za viza?" Ndinayankha kuti adikire kaye temu ithe, tione mmene zikhalire, n'kuikapo kachithunzi ka manja opemphera. A Esnart akandifunsa ndinkati ndalankhula naye, akukonzekera.

Sikuti ndinadzuka kuti lero ndiname. Ndinkadikira chigoli choyamba. Tsiku lina a Esnart anamaliza nthochi yonse, ine mumtima ndinati ndi chimenecho. Tsiku lina anakhala tsonga n'kunyoza dazi langa kwa mphindi khumi, ine ndinati chachiwiri. Ndinkafuna kuti ndikamayimba ndikhale ndi nkhani yabwino, ndikhale malume woyamba m'mbiri ya mbumba yathu kuyimba foni yopanda maliro m'kati.

Lachiwiri anawasamutsira ku nyumba yosamalira odwala amene mankhwala awalephera. Kuli maluwa, kuli bata, anesi amayenda monyang'ama. Amayi a ku mpingo, a kuno ku Evington ndi ena ochokera ku Nottingham, akusinthana kudzakhala nawo. Amabwera molunjika kuchokera ku shifiti, yunifolomu m'kati, chitenje pamwamba, n'kumayimba motsitsa kuti asadzutse azungu a zipinda zina. Mukanawakonda amayi amenewa. Mmodzi, wa ku Chipata, wayamba kale kukangana ndi a kukhitchini pa nkhani ya kaphikidwe ka phala.

Dzulo ndinawatengera dzungu lija kuti aseke. Analilandira n'kumalitembenuza m'manja, manja aja atsala mafupa okhaokha. Sanaseke. Anati, "Ndege ya Tadala ndi ya liti?" Ndinati ndifunsa. Anandiyang'ana ndi maso anu aja, Amayi, nthawi yaitali, kenaka n'kutembenukira kukhoma. Sananditukwane. Bola akanatero.

Lero pa nthawi ya nkhomaliro ndinatuluka mu ofesi, n'kuima pa mvula yowaza, ndinayimba. Inalira kamodzi, kawiri, katatu. Ndikudziwa kuti ankaiyang'ana, kudikira kuti mwina iduka. Atayankha sanapereke moni. Anati, "Ankolo, mwayimba." Kumbuyo ndinkamva ana a sukulu akusokosera. Ndinamuuza zonse monga dokotala ananenera, osauzira. Kenaka anafunsa funso limodzi. "Munadziwa liti?" Ndinamuuza. Anati, "Chabwino, ankolo," ndi ulemu wonse umene munamuphunzitsa, n'kudula.

Viza waapulaya masana omwewo. Kalata ya dokotala ndatumiza, ndapempha kuti aifulumizitse, akuti ayesa koma salonjeza. Nditaweruka ndinapita kukafunsa anesi a kuja ngati a Esnart angafike masabata atatu. Anayang'anana. Wamkuluyo anati mwanayo azilankhula ndi mayi ake pa foni tsiku lililonse, kuyambira lero.

Amayi, sindikudziwa ngati kumeneko muli ndi mawu pa za olowa pa geti. Koma mmene ndimakudziwirani, simungakhale zaka zitatu pamalo osalowa mu komiti. Sindikupempha kuti tipambane. Zimenezo ndasiya, mafilimu aja ndafufuta. Ndikupempha nthawi yowonjezera yokha. Mwana wanu akafika pa getipo mumubweze. Mumuuze kuti simunasese, simunayale pogona, adzabwere pakatha masabata atatu. Inu amakumverani.

Masabata atatuwo analipo, Amayi. Anali a Tadala, ndipo ndawadya ine, monga ndinadyera Lachisanu lija lomwe linali lanu. Ndauzira phala mpaka lazizira.

Mawa ndikagwirizira foni kukhutu kwa a Esnart kuti amve mawu a mwana wawo, mkuja chimodzimodzi, mpaka tsiku lomwe ndidzapite ku bwalo la ndege kukamulandira, kaya adzapeza mayi ake, kaya adzapeza zomwe ndinapeza ine. Sindidzamuuza kuti ochepa aliponso. Ndipo nthawi yoyimbira amalume ku Dedza ikakwana, ndikulonjeza kuti ndidzayimba tsiku lomwelo, ndi mayunitsi anga, n'kunena mawu enieniwo. Dzungu ndalisiya pawindo la a Esnart, pomwe angalione akatembenuka.

Ndimakukondani, ngakhale njira zanga zimatalika.

Mwana wanu,
Fatsani