Akufuna kuchotsa kuseka kwa bambo anga

Aphungu,

Ndimakonza masewero oseketsa a pa kanema. Yunivesite ndinaisiyira panjira, ndipo sindipepesa. Anzanga amadigiri aja ndi omwe lero amandinyengerera kuti ana awo aoneke pa kanema.

Bambo anga okha ndiwo sanandikhululukire. Ankati, "Mabuku onse aja, mapeto ake kuseketsa anthu ngati chidakwa?"

Tsiku la sewero loyamba tinaitana anthu kuti tijambule kuseka kwawo. Bambo anabwera mochita kukokedwa ndi mayi, n'kukhala kumbuyo, chipewa pabondo. Sewero lili mkati anaseka. Kamodzi kokha, kuseka kokoka, kothera m'kachifuwa. Maikolofoni anakutola. Sitinakambiranepo mpaka anatisiya.

Kwa zaka khumi ndakhala ndikuika kuseka kumeneko m'gawo lililonse. Masana ndikavala mahedifoni m'kachipinda kodulira zithunzi, ndimawaona bambo pampando wawo wapulasitiki uja, fumbi likuyandama m'kuwala kwa magetsi. Ndimawauza nthabwala za mawa. Amachotsa magalasi, n'kupukuta misozi.

Tsopano kwabwera bwana watsopano, wamadigiri awiri, amene sanaseketsepo ngakhale mwana wake. Akuti, "Akulu, mdala wachifuwayu anthu atopa naye. Lachisanu jambulani kuseka kwina."

Kalata yosiya ntchito ndalemba kale. Ndikapereke?

T.G., kuseri kwa kamera

A T.G.,

Kalatayo ng'ambani. Munasiyapo kale chinthu chimodzi panjira, ndipo chikukuwawanibe, apo ayi simukanawerengera bwana wanu madigiri.

Kuseka kwa bambo anu sikufufutika chifukwa kwachoka pa kanema. Kusungeni pafoni, kwinanso mukapatse mayi anu. Mwina ndi iwo okha amene sanatope nako. Muwafunsenso zimene bambo ananena pobwerera kunyumba tsiku lija. Inu munamva za m'maikolofoni zokha, mayi anamva za m'njira.

Lachisanu jambulani anthu atsopano. Mayi muwaike pampando wakumbuyo uja, ndipo mulembe nthabwala zoti ziwagwetse ndi kuseka.

Koma ndikuchenjezeni, mwana wanga. Bambo anu anaseka nthabwala imodzi imene anaimva ndi makutu awo. Zinazo mwakhala mukuwaseketsa ndinu, ndi chala pabatani, n'kumati akuvomerezani. Kamodzi kaja sanakakamizidwe ndi munthu, n'chifukwa chake kali kokwana. Mdalayo wagwira ntchito zaka khumi ali kumanda. Mpatseni tchuthi.