Chidindo cha ku Parishi

Lolemba, 3 Juni 2024

Mayina a anthu oti akalembe mayeso a ukalaliki wa boma awamata lero ku Dedza. Mawa ndikawerenga ndekha. Ndauza kale anthu pa chigayo kuti Tikondwe wanga akayamba ntchito, galimoto ya boma izidzanditenga ku dimba ndili ndi matope omwe. Mwana ameneyu mutu anatengera ine Gervazio, amake anangomupatsa miyendo. Makalata ake ofunsira ntchito ndinayendetsa ndine, ndipo chidindo chimene ndinamupezera Kaphuka yense sanachionepo: cha Abambo ku parishi, chachikulu ngati mbale, mtanda pakati.

Lachiwiri, 4 Juni

Dzina lake palibe. Ndawerenga kasanu, kuyambira pamwamba, kuyambira pansi. Alvin, mwana wa a George aphunzitsi, alipo. Alvin yemwe uja ankakopera masamu kwa Tikondwe!

Lachitatu, 5 Juni

Sindinamuuze. Ndati pepala lina lauluka ndi mphepo. Iye akungowerenga padzuwa, atafunda chitenje. Bulauzi yokavala ku mayeso Loweruka wasita kale.

Lachinayi, 6 Juni

Ndabwererako, ku ofesi kumene tinasiya makalata. Pa windo pali kabwana kena, khosi ngati la botolo.

Akuti, "Bambo, chilengezo chinati makope a satifiketi adindidwe ndi munthu wovomerezeka ndi lamulo. Ichi ndi cha tchalitchi."

Ine, "Bwana, chidindo chimenechi chili pa ukwati wanga ndi pa ubatizo wa ana anga asanu ndi mmodzi. Munthu womva machimo a Kaphuka yense angakunamizeni pa kapepala?"

Waseka mpaka kugwira tebulo. Ine mumtima: basi zatheka, palibe amene amandikana ine.

Ayi ndithu. Zatha, akuti.

Ndafunsa za Alvin, poti ndikudziwa kuti anadinda ndi amalume ake, a hedimasitala. Akuti chimenecho "timachimvetsa". Ndati ndionetseni pamene palembedwa kuti hedimasitala inde. Palibe. Pamene palembedwa kuti wansembe ayi? Palibenso. Ndati ndiye lamuloli lili pa pepala kapena m'mutu mwanu? Mukanalemba bwino, ife a Sitandade 7 tikanamva.

Ndatulutsa satifiketi yeniyeni m'jekete. "Nayi, fanizirani ndi maso anu." Sanayigwire n'komwe. Tsiku linadutsa, akuti. Watseka windo, akuti nkhomaliro. Nthawi ili 11.

Kope si labodza, iyenso sanatsutse. Mwana anakhoza. Chalakwa ndi inki.

Lachisanu, 7 Juni

Ndamuuza Tikondwe m'mawa akusenda kachewere. Ndinayamba ndi nthabwala ya khosi la botolo, sinagwire.

Anangoti, "Ababa, ndinakuuzani kuti mukadinditse kwa majisitireti."

Zoona anatero. Ine ndinayankha kuti majisitireti ndi wa akuba, ife Akatolika tili ndi chidindo chathu. Anthu anaseka tsiku limenelo, ndikukumbuka bwino, ngakhale amake anaseka.

Zaka zinayi akudikira mpata woterewu. Sanalire. Bola akanalira.

Pa chigayo wina wakuwa, "A Gervazio, galimoto ija tiyidikire mbali iti?" Ndayankha kuti ikusintha matayala. Aseka. Pakamwa pangapa pamagwira ntchito pokha ngakhale mwini wake atafa.

Loweruka, 8 Juni

Tsiku la mayeso. Chisanu choti nkhuku zakana kutsika. Alvin wadutsa pa njinga yamoto, tayi ikuuluka, a George akubayibitsa msewu wonse.

Tikondwe wavala bulauzi yosita ija. Ndimati akupita ku tchalitchi. Wabwera pakhonde, wagwada bwinobwino.

"Ababa, ndipatseniko kiyi wa sutukesi."

M'sutukesimo ndimo ndimasunga mapepala ake onse chiyambire Sitandade 8. Palibe anatsegulamo koma ine. Ndati mwana wanga, mapepala amafuna munthu wodziwa maofesi. Iye dzanja lili chotambasula.

Ndamupatsa.

Watulutsa envelopu, wayang'ana pepala lililonse pamaso panga, limodzilimodzi, ngati wagula kwa mlendo pa msika. Wayika m'chikwama chake. Kiyi wandibwezera ndi manja awiri.

Ndati, "Akadzalengezanso ndikuperekeze?"

"Mukhale, ababa. Kukuzizira."