Armando Wathawa, Luzia Wachira

Amayi, kodi kumeneko mukukhala bwanji? Kuno ku Chidzolomondo tikadali moyo, ngakhale chimanga cha chaka chino tagawana ndi anthu a mfuti. Uzamba wanu ndinautola ine. Chikuikireni m'manda ndalandira ana asanu, onse amoyo.

Nkhani ndi ya mwana wanu Armando. Mukukumbukira momwe ankachitira nanu manyazi atangopeza ntchito yosesa kuchipatala ku Furancungo? Ankati uzamba ndi umbuli, mkazi wozindikira amabereka chagada pabedi, osati chonjuta.

Mvula itatha kunabwera mzungu wamkazi, Dotora Helena. Si dotora wa jakisoni, ndi wa mabuku. Wayenda maiko ambiri kuona momwe akazi amachirira, ndipo amakangana ndi achipatala omwe amakalipira amayi pobereka. Anamva mbiri yanu, koma anapeza manda. Armando anadziika yekha kukhala womasulira. Mukanamuona, Amayi! Mwamuna woti m'chikuta sanalowemo chibadwire chake, ankafotokoza za kumanga mchombo ngati ndiye anakuphunzitsani. Ine ndikayankha mawu awiri, iye ankathira makumi awiri m'Chipwitikizi, nkumadzigunda pachifuwa kuti nzeruzi ndi za kubanja kwake. Paja munkati chidebe chopanda madzi ndicho chimasokosa pamutu.

Ndiye linafika tsiku loti mkazi wake, Luzia, achire. Matenda anamuyamba m'mawa, ndipo dzuwa lili pamutu mfuti zinalira kutsidya kwa mtsinje. Armando anati akaone ngati njira ili bwino. Anatenga njinga ndi wailesi. Njirayo akuionabe mpaka lero, ku Malawi.

Ine ndi Dotora tinamukokera Luzia m'chigafa cha fodya. Dotora uja anaponya kope lake pansi, nagwada kumbuyo kwa Luzia, namugwira m'khwapa monga ndinamulozera. Sanamusiye mpaka pomaliza. Mwana anatuluka mchombo utamuzinga pakhosi. Ndinamva mawu anu aja: "Manja asathamange, mwana sathawa." Ndinalowetsa chala, ndinamasula, ndipo analira mokweza mpaka tinaopa kuti atiulula. Ndi mtsikana. Dotora anapita, koma m'buku mwake walembamo dzina lanu, ndinaliona ndi maso anga.

Sabata yatha Armando watuma uthenga kudzera kwa wogulitsa mchere. Sanafunse ngati Luzia ali moyo. Wafunsa ngati mwanayo ndi wamwamuna, wati timutumizire nsapato zake zachikopa, ndipo dzina tidikire adzatcha yekha. Nsapatozo ndinapatsa a Bizaliyele oweta ng'ombe, zikupondaponda ndowe. Mwana tamutcha Rozina, dzina lanu.

Mundikhululukire, ndikudziwa Armando munamubereka ndinu. Akadzabwera ndidzamupatsa madzi akumwa ndi pokhala, ndikulonjeza. Koma mwanayo adzamunyamula pokhapokha Luzia atalola.

Ndimakukondani, Amayi.

Ine mwana wanu,
Joakina